Kodi zakale zingafufutike ngati sizinachitikepo?

Funso la sabata ino lafika pa imelo kuchokera kwa bambo wina amene akulemba nthano. M'nthano yawoyo zinthu zakale zikuzimirira pang'onopang'ono. Zikuyamba ndi zamakedzana, kenako mayina a pamanda akufufutika, zithunzi za agogo zikusanduka mapepala oyera, mpaka anthu akudzuka osadziwa zimene zinachitika dzulo. Akufunsa kuti: "Kodi zoterezi zingachitikedi, kapena ndangolota?"

Bambo, nthanoyo lembani ndithu. Koma kuti chinthu chimene chinachitika chichoke m'nthawi ngati sichinachitikepo, sayansi sikudziwa njira yotero. Chimene chimatha ndi umboni wake, ndipo umenewo umathadi.

Chitsanzo chofanana kwambiri ndi maganizo anu ndi carbon-14, mtundu wa kaboni umene umaphwasuka wokha pang'onopang'ono. Chamoyo chilichonse, kaya mtengo kaya munthu, chimakhala nayo m'thupi. Chikafa, imayamba kuchepa, ndipo theka lake limatha pa zaka pafupifupi 5,730. Akatswiri amayeza yotsalayo kuti adziwe zaka za fupa kapena khala la pamoto. Zikadutsa zaka 50,000, yotsala imakhala yochepetsetsa moti muyesowo sugwiranso ntchito. Apa nthawi ikufufuta yokha, popanda dzanja la munthu.

Pamene sindikugwirizana nanu ndi poganiza kuti zakale kwambiri ndiye zimayamba kutha. Pitani ku Karonga. Mu 1991 ku Uraha kunapezeka nsagwada ya munthu wamakedzana ya zaka pafupifupi 2.4 miliyoni, mano ali pomwepo. M'boma lomwelo munafukulidwa mafupa a Malawisaurus, chinyama chimene chinkayenda kumeneko zaka zoposa 100 miliyoni zapitazo. Ku Chongoni, ku Dedza, kuli malo 127 a zojambula za pamiyala, zofiira za Akafula ndi zoyera za Achewa zokhudza chinamwali ndi nyau, ndipo UNESCO inawaika pa mndandanda wa chuma cha dziko lonse mu 2006. Zina zikuzirala chifukwa cha mvula, utsi ndi anthu olembapo mayina awo ndi makala (khalidwe limene limandinyansa kwabasi), koma zilipo.

Tsono yerekezani ndi zadzana. Mu 1919 moto unatentha maofesi a boma la atsamunda ku Zomba, makalata ambiri a zaka zoyambirira za Nyasaland n'kusanduka phulusa. Mu Disembala 2015 laibulale ya Mzuzu University inapsa ndi mabuku zikwizikwi, kuphatikizapo zolembedwa za Malawi zovuta kuzipezanso. Mu 2019 kampani ya pa intaneti ya MySpace inavomera kuti yataya nyimbo zimene anthu anaika pa tsamba lake kwa zaka zoposa khumi, posamutsa zinthu kuchoka pa makompyuta ena kupita pa ena. Nanga zithunzi za ukwati zimene zinali m'foni imene inagwera m'chitsime zili kuti? Fupa lakhalitsa chifukwa linakwiririka m'dothi loyenera, pamene pepala limaopa moto ndi chiswe, ndipo za pa intaneti zimadalira kampani imene mawa ikhoza kutseka.

Choncho mukafuna kuti nthano yanu ilume, tembenuzani ndondomekoyo. Ziyambe kuzimirira ndi za chaka chatha: mauthenga a pa WhatsApp, malisiti, dzina la mwana wa mnansi. Miyala ya ku Chongoni itsale mpaka kumapeto, anthu akuiyang'ana osadziwa amene anawabereka.

Palinso china chimene akatswiri a zakuthambo amanena. Chilengedwe chikufutukuka, ndipo liwiro lake likuwonjezeka. Pakadzatha zaka mabiliyoni ambirimbiri, milalang'amba yakutali idzatalikira moti kuwala kwake sikudzafikanso kuno. Amene adzakhalepo nthawi imeneyo adzasowa umboni waukulu wa mmene zonse zinayambira. Mutha kubwerekapo pamenepa.

Vuto limodzi likudikirani polemba. Ngati zithunzi, manda ndi chikumbumtima cha anthu onse zikufufutika limodzi, palibe amene angadziwe kuti china chasowa, ndiye nthano palibe. Mufunika munthu mmodzi wokumbukira, kapena chinthu chimodzi chokana kutha. Ine ndikanasankha gogo wamkazi amene akuimbabe nyimbo ya pamtondo yotchula mayina a anthu amene mudzi wonse ukulumbira kuti sanakhaleko. Mukamaliza mutu woyamba, nditumizireni ndiwerenge.