Mizinga yogwetsera ndege ili pati pa sitimayi? Yankho kwa achimwene a ku Mufakose

Achimwene ena a ku Mufakose anditumizira imelo ndi chithunzi chomwe mwana wawo anajambula ku doko la Simon's Town ku South Africa, sitima yankhondo yolembedwa F145 m'mbali. Akufunsa kuti mabokosi opendekeka ali pakatipo ndiye mizinga yogwetsera ndege eti?

Ayi achimwene, ndipo simuli nokha, ambiri amasokonezeka pompo. Sitimayo ndi SAS Amatola ya ku South Africa, mabokosi opendekekawo ndi a mizinga ya Exocet, yophulitsira sitima zinzake. Yogwetsera ndege ili kutsogolo, kuseri kwa mfuti ya 76mm ija. Kulitsani chithunzicho pafoni, ngati anajambula ali pamalo okwera muona tizivundikiro tamakona anayi tagona pansi ngati matailosi. M'menemo muli mizinga ya Umkhonto yopangidwa ndi kampani ya Denel, yaima chilili, ikamatuluka imalunjika kumwamba kaye kenako n'kukhota. Umkhonto ndi Chizulu, ndi mkondo wathu womwewu.

Ine chomwe ndimauza aliyense n'choti pa sitima zamakono chinthu chooneka kwambiri nthawi zambiri sichoombera ndege. Taonani Moskva ya Russia ija inamira mu April 2022, machubu akuluakulu 16 a m'mbali aja anali a mizinga yophulitsira sitima zinzake, pomwe ma S-300F ogwetsera ndege okwana 64 anabisala kumbuyo kwa chumuni pansi pa zivundikiro 8 zozungulira. Kuzungulirako n'chizindikiro chabwino zedi chosiyanitsira, chifukwa Mk 41, makina otulutsira mizinga a Amereka, omwe anayamba pa USS Bunker Hill mu 1986, zivundikiro zake n'zamakona anayi ndipo zimakhala m'magulu a 8.

Zithunzi zakale ndiye zimandikomera, poti mzinga umaoneka weniweni uli pa mkono wachitsulo. Mkono umodzi, pa sitima za mtundu wa Oliver Hazard Perry, imeneyo ndi Mk 13. Mikono iwiri pa sitima za Type 42 za Britain, mzinga wake wabowo kumphuno ngati kamwa la mlamba, musakayike ndi Sea Dart, bowolo ndi lolowera mpweya wa injini yake, ndipo ndi yomweyo inagwetsa ndege za Argentina ku Falklands mu 1982. Akakhala mabokosi otembenuka werengani basi, 6 ndi Sea Wolf, 8 ndi Sea Sparrow, timabowo tambirimbiri 21 ndi RAM.

Kuno ku Harare nyanja yamchere tilibe, sitima zotere timangozionera pa intaneti, ndiye ndasangalala kwambiri kuona chithunzi chojambula mwana wathu. Mumuuze kuti ulendo wina akwere msewu wa Red Hill ku Simon's Town konko ajambulire kumtunda, zivundikiro zija zikaoneka bwino munditumizirenso tiwerengere limodzi.