Kodi lobbyist ndi dobadoba wovala suti? Tiyeni tione moyo wa Paul Manafort

Sabata yatha ndinalandira imelo kuchokera kwa mnyamata wina amene akuphunzira za ndale ku yunivesite. Anapempha kuti dzina lake ndisalitchule. Iye analemba kuti: "Bambo, ndale ndimazikonda koma kuima pachisankho sindifuna. Ndimalakalaka nditakhala munthu wokonza mapulani kuseri. Ndamva kuti ku America, makamaka ku chipani cha Republican, kuli anthu otchedwa strategist ndi lobbyist amene amalemera nayo ntchito imeneyi. Amachita chiyani kwenikweni, ndipo amayamba bwanji? Mnzanga akuti amenewo ndi madobadoba chabe ovala suti. Kodi n'zoona?"

Achimwene, zikomo pondilembera. Funso lanu landigwira mtima chifukwa achinyamata ambiri okonda ndale amangoganiza za mpando wa uphungu, osadziwa kuti kuseri kwa wandale aliyense wopambana kuli anthu amene nkhope zawo sizioneka pa chikwangwani.

Poyamba tisiyanitse ntchito ziwirizi, pakuti n'zosiyana. Strategist ndi mlangizi wa kampeni. Iye ndiye amawerenga mavoti asanaponyedwe, amasankha uthenga woti wandale anene, madera oti apiteko ndi oti asataye nthawi, komanso komwe ndalama za kampeni zilowe. Lobbyist amayamba ntchito chisankho chikatha. Amalipidwa ndi kampani, bungwe kapena boma la dziko lina kuti akalankhule ndi aphungu ndi akuluakulu a boma, lamulo lakuti lidutse kapena life, ndalama zakuti ziperekedwe. Ku America ntchitoyi ndi yololedwa, chifukwa malamulo aakulu a dzikolo amapatsa aliyense ufulu wokadandaula ku boma. Koma pali zoyenera kutsata. Woimira boma lakunja ayenera kulembetsa ku unduna wa zachilungamo potsatira lamulo la 1938 lotchedwa Foreign Agents Registration Act, lomwe analikhazikitsa poopa mabodza a chipani cha Nazi cha ku Germany. Ena onse amalembetsa potsatira lamulo la 1995. Ku Washington kuli msewu wotchedwa K Street, ndipo dzina lake linasanduka dzina la ntchito yonseyi chifukwa makampani ambiri otere anali ndi maofesi kumeneko.

Kuti muone momwe ntchito ziwirizi zimakumanirana, ndikufotokozereni za munthu mmodzi, Paul Manafort. Ndasankha iyeyu chifukwa anafika pamwamba pa zonse ziwiri, komanso chifukwa ntchito yake inakhudza Africa mwachindunji.

Manafort anabadwa mu 1949 ku New Britain, m'chigawo cha Connecticut. Banja lawo linali ndi kampani ya zomangamanga, ndipo bambo ake anakhalapo mfumu ya mzindawo. Ndale anazionera pakhomo. Anaphunzira ku Georgetown University ku Washington ndipo anamaliza maphunziro a zamalamulo mu 1974. Patangotha zaka ziwiri, mu 1976, anapeza mwayi umene unamutsegulira njira. Chaka chimenecho Pulezidenti Gerald Ford ankalimbirana ndi Ronald Reagan kuti adzaimire chipani cha Republican, ndipo mpikisano unafika ku konivenshoni ya ku Kansas City wopambana asanadziwike. Manafort, ali ndi zaka 27, anali m'gulu la James Baker losaka nthumwi za Ford.

Apa ndichedwepo, chifukwa apa ndi pamene pali yankho la funso lanu lakuti amayamba bwanji. Kusaka nthumwi si ntchito ya pamsanja. Ndi ntchito ya ndandanda wa mayina ndi telefoni. Uyenera kudziwa nthumwi iliyonse payokha: imamvera ndani kwawo, inakhumudwa ndi chiyani, ikufuna chiyani. Wina akufuna kungojambulitsa ndi Pulezidenti, wina akufuna msewu kudera lake, wina akungofuna kuti munthu wamkulu amuimbire foni. Amene sanatsimikize mtima, Ford ankawaitanira ku White House. Tsiku lililonse uwerengenso: otsimikiza ndi angati, ogwedezeka ndi angati, amene anakulonjeza dzulo koma lero sakuyankha foni ndi angati. Pamapeto pake Ford anapeza mavoti 1,187 ndipo Reagan 1,070. Amene mwatsatirako makonivenshoni a zipani zathu mukudziwa kuti chisankho chenicheni chimachitika usiku m'malo ogona nthumwi, osati m'mawa muholo. Luso la Manafort linali limeneli, ndipo chipani chinamukhulupirira nalo kwa zaka zambiri. Anathandiza kuyendetsa makonivenshoni a Reagan, George H. W. Bush ndi Bob Dole.

Mu 1980 anali woyang'anira kampeni ya Reagan m'zigawo zakummwera. Chaka chomwecho iye ndi anzake awiri, Charles Black ndi Roger Stone, anatsegula kampani yotchedwa Black, Manafort and Stone. Reagan atapambana, Manafort anagwirako ntchito mu ofesi yosankha anthu oti apatsidwe maudindo m'boma latsopano. Taganizirani zimenezi, achimwene. Munthu amene wathandiza Pulezidenti kupambana, wathandizanso kusankha akuluakulu a m'maunduna, kenaka akutsegula chitseko cha kampani yake n'kunena kuti aliyense wofuna kulankhula ndi boma abwere. Kale alangizi a kampeni ndi ma lobbyist kawirikawiri anali anthu osiyana. Anyamatawa anaika ntchito zonse ziwiri pansi pa denga limodzi: dzanja lina likuthandiza phungu kupambana, linzake likugogoda pakhomo la phungu yemweyo m'malo mwa kasitomala. Mu 1984 anatenganso Peter Kelly wa chipani cha Democratic kuti makomo a mbali zonse atseguke, ndipo Lee Atwater, amene anadzatsogolera kampeni ya Bush mu 1988, analowanso m'kampaniyi. Mmodzi mwa makasitomala awo oyambirira anali wamalonda wa nyumba wa ku New York, Donald Trump.

Ndale za chipani cha Republican nthawi imeneyo zinatsamira pa misonkho yotsika, boma losalowerera kwambiri pa malonda, kusunga miyambo ya banja ndi chipembedzo, komanso kudana ndi chikomyunizimu cha Soviet Union. Mfundo yomalizayi ndiyo inasanduka munda wa Manafort. Mtsogoleri aliyense wankhanza amene akanatha kunena kuti akulimbana ndi chikomyunizimu anali ndi katundu wogulitsika ku Washington, ankangosowa womugulitsira. Mu 1985 kampaniyi inasaina mgwirizano wa madola 950,000 pachaka ndi bungwe la amalonda logwirizana ndi Pulezidenti Ferdinand Marcos wa ku Philippines, patangotsala miyezi yochepa kuti anthu amuthamangitse mu February 1986. Mu 1989 inatenga Mobutu Sese Seko wa ku Zaire pa madola 1 miliyoni pachaka. Inaimiranso maboma a Nigeria ndi Kenya. Mu 1992 bungwe lofufuza la Center for Public Integrity linaika kampaniyi m'gulu la makampani otsogola oimira maboma ozunza anthu awo.

Koma nkhani imene imandiwawa ine ndi ya Angola. Jonas Savimbi, mtsogoleri wa gulu lankhondo la UNITA, anali munthu amene anaphunzitsidwa zankhondo ku China ndipo ankathandizidwa ndi boma la tsankho la South Africa. Ankamenyana ndi boma la MPLA lothandizidwa ndi Cuba ndi Soviet Union. Mu 1985 Nyumba ya Malamulo ya America inachotsa lamulo la Clark Amendment limene linkaletsa kuthandiza magulu ankhondo a ku Angola, ndipo chaka chomwecho Savimbi analemba ntchito kampani ya Manafort pa madola 600,000 pachaka. Mu January 1986 anamubweretsa ku Washington. Anamukonzera zonse: mahotela apamwamba, mapologalamu akuluakulu a pa wailesi yakanema, misonkhano ndi aphungu, mpaka kukakhala ndi Reagan mu Oval Office, ofesi ya Pulezidenti. Mawu oti anene anali okonzedwa bwino kuti akome m'makutu a Amereka: ufulu, demokalase, msika wosatsekereza. Chaka chomwecho America inayamba kumutumizira zida mwachinsinsi, kuphatikizapo mizinga yogwetsera ndege ya Stinger.

Sindikunena kuti Manafort ndiye anayambitsa nkhondo ya Angola. Inayamba mu 1975 ndipo manja ambiri anaikoleza, a kum'mawa ndi a kumadzulo omwe. Koma ntchito imene analipidwa inali yoonetsetsa kuti nkhuni zisathe pamoto. Savimbi anakana zotsatira za chisankho cha 1992 n'kubwerera kutchire, ndipo nkhondo inatha iye ataphedwa mu February 2002. Anthu mazana a zikwi anafa. Minda inadzaza mabomba okwirira amene akudulabe anthu miyendo. Abale athu a ku Zambia akudziwa misasa ya Meheba ndi Mayukwayukwa, kumene anthu othawa ku Angola anakhala zaka zambirimbiri, ena kubadwira komweko mpaka kukula. Mayi wa ku Huambo kapena ku Kuito analibe madola 600,000 oti wina akamulankhulire ku Washington. M'chipinda chimene tsogolo lake linkakambidwa, iye munalibe.

Kwawo komweko Manafort anayamba kale kununkhidwa. Mu 1989 anaitanidwa ndi komiti ya aphungu pa nkhani ya ndalama za unduna wa zanyumba zimene zinapita ku ntchito yokonza nyumba ku Seabrook, m'chigawo cha New Jersey. Kampani yake inalandira madola 326,000 pothandiza kuti ndalamazo zituluke. Pamaso pa aphungu iye anavomera kuti zimene anachitazo munthu angathe kuzitcha kugulitsa chikoka. Sanazengedwe mlandu.

Gawo lina la moyo wake wa ntchito ndi la ku Ukraine. Pambuyo pa zionetsero za 2004 zimene zinachititsa kuti chisankho chobedwa chibwerezedwe, Viktor Yanukovych, amene anagonja pa chisankho chobwerezacho, ankaoneka ngati watheratu pandale. Manafort anayamba kulangiza chipani chake cha Party of Regions, chimene chinkatsamira ku Russia. Anasintha kavalidwe ndi kalankhulidwe ka Yanukovych, anabweretsa kafukufuku wa maganizo a ovota, ndipo mu 2010 Yanukovych anakhala Pulezidenti. Luso linalipo, palibe angatsutse. Koma taonani kumene munthuyu anafika: anayamba ndi kulimbana ndi chikoka cha Moscow ku Africa, n'kudzatsiriza akumanga chipani chokondedwa ndi Moscow ku Ulaya. Kwa ine apa ndi pamene zimaonekera kuti mfundo za chipani zinali chovala chabe. Yanukovych anathawira ku Russia mu February 2014 anthu ambiri ataphedwa pa zionetsero za ku Kyiv, ndipo kasupe wa ndalama wa Manafort anayamba kuphwa.

Mu March 2016 Manafort analowa kampeni ya Trump popanda malipiro, ndipo anamutengera ntchito yomwe ija ya 1976, yosunga nthumwi. Posakhalitsa anakhala wapampando wa kampeni yonse. Mu August chaka chomwecho kunatuluka nkhani ya kaundula wolembedwa pamanja wa Party of Regions, wosonyeza madola 12.7 miliyoni pafupi ndi dzina lake. Iye anakana kuti sanalandire ndalamazo, koma anatula pansi udindo. Wofufuza wapadera Robert Mueller, amene ankafufuza za kulowerera kwa Russia pa chisankho cha 2016, anamuimba milandu mu October 2017. Pamlandu wa ku Alexandria, m'chigawo cha Virginia, oimira boma anaonetsa momwe ndalama za ku Ukraine zinkadutsira m'mabanki a ku Cyprus n'kumalipira nyumba, magalimoto ndi zovala popanda kukhoma msonkho. Panali jekete la chikopa cha nthiwatiwa la madola 15,000. Wothandizira wake wa zaka zambiri, Rick Gates, ndiye anaima kupereka umboni womutsutsa. Mu August 2018 anapezeka wolakwa pa milandu 8 ya misonkho ndi kunamiza mabanki, ndipo mwezi wotsatira anavomera milandu ina, yokhudzanso kusalembetsa kuti akugwirira ntchito dziko lakunja. Zilango zonse pamodzi zinakwana zaka zisanu ndi ziwiri ndi theka. Mu May 2020 anamutulutsa kuti akatsirizire kunyumba chifukwa cha Covid-19, ndipo pa 23 December 2020 Trump anamukhululukira.

Tsono mnzanu uja akunena zoona? Mbali ina inde. Tonse tinamuonapo dobadoba pakhomo la ofesi ina ya boma, atanyamula envelopu ya khaki, akukuyandikira mwakachetechete kuti iye amadziwana ndi a mkatimo. Chimene akugulitsa si nzeru, ndi khomo. Manafort ankagulitsanso khomo, kungoti lake linali la White House. Koma si lobbyist aliyense ali wotero. Bungwe la alimi likatuma munthu wodziwa malamulo kuti akafotokozere komiti ya aphungu momwe msonkho wina uwapwetekere, kapena anthu olumala akatuma wowalankhulira, imeneyo ndi ntchito yomweyo, ndipo ndi yofunika. Phungu sangadziwe zonse, amafunika omuuza. Kusiyana kwake kuli poti ukugulitsa zimene ukudziwa kapena amene ukudziwana nawo, ndiponso ngati ungalole kuti dzina la okulipira lilembedwe poyera. Ndikumbutse kuti umodzi mwa milandu imene Manafort anavomera unali wobisa dzina limenelo.

Ngati mtima wanu ulidi pa ntchito ya kuseriyi, yambani pomwe iye anayambira, pakuti chiyambi chake chinalibe vuto. Dziperekeni pa kampeni ya khansala kapena phungu amene mumamukhulupirira. Phunzirani kaundula wa ovota wa dera limodzi mpaka mudziwe malo oponyera voti alionse ndi momwe anavotera pazisankho zapitazi. Phunzirani masamu a kafukufuku, kalembedwe ka uthenga waufupi womveka pawailesi, ndi malamulo a zisankho. Mukatero mudzayamba kudziwana ndi anthu, ndipo tsiku lina amene munamuthandiza adzapambana. Sabata yomweyo wamalonda wina adzakuimbirani foni kuti mukamuonetse kwa bwana wanu, ndipo adzatchula mtengo. Ndikupemphani kuti yankho la foni imeneyo mulikonzeretu panopa, mukadali pasukulu. Mundilemberenso mukayamba kampeni yanu yoyamba, ndidzafuna kumva momwe mukuwerengera mavoti.