Periwinkle wa ku Madagascar ndi matenda a shuga

Achimwene, mwafunsa ngati duwa la periwinkle lingathandize pa matenda a shuga: ayi ndithu, musawiritse masamba ake nkumamwa chifukwa cha shuga wanuyo, ingodzalani ngati duwa basi. Nzoona m'mayiko ena anthu akhala akuligwiritsa ntchito pa shuga kuyambira kale, ndipo asayansi atalifufuza m'ma 1950 ndi 1960 anapezamo vinblastine ndi vincristine, mankhwala a khansa, koma nde vuto lake ndi lomwelo, duwali lili ndi poizoni ndipo mukapu simungadziwe mlingo. Ine ndinadzala m'mbali mwa mpanda, silivuta, ngakhale dzuwa la Okutobala limangochita maluwa, njere zikagwa zimamera zokha. Ana ndi mbuzi asamalidye. Za shugazo pitani kuchipatala akakuyezeni, ndipo mapilitsi anakupatsaniwo musasiye osafunsa adokotala.