Alamu, giyabokosi musagule kaye

Alamu, mwaswera bwanji kumeneko ku Nkhotakota? Uthenga wanu ndaumva, kavidiyo mwaponya pagulupa ndakaoneranso. Ndangoti ndijambule mawu, manjawa ali girizi yekhayekha, kulemba sinditha. Enanu pagulu pano mundikhululukire, italikirapo pang'ono.

Mwati Corolla ija mukaponda klatchi ikumalira wiii, mwina n'kumachita kwerekwere, mukachotsapo phazi n'kuti zii. Ndiye mwati munthu wina wangoimvetsera kamodzi n'kukuuzani kuti giyabokosi yatha, ndipo iye yemweyo ali nayo ina yoti akugulitseni. Eee, alamu. Ndalamazo zibwerere m'thumba kaye. Mmene mwalongosoleramu, ine ndikuona release bearing, ena amati thrust bearing, kaberingi ka klatchi kongokwana m'chikhatho. Giyabokosi ikamadwala kawirikawiri imachita zosiyana ndi zimene mwanenazo. Koma musangotenga zanga, muyese nokha, phazi lanu lomwelo likuuzani.

Mawa m'mawa kukadali bata, muimike galimoto pamalo osalala, mukoke handibuleki, giya ikhale pa nyutulo. Musanalize injini muponde klatchi katatu kanayi. Mukamva kwiii kwiii injini ili yozima, imeneyo si beringi ayi, chifukwa palibe chikuzungulira. Ndi pedulo yauma pomwe imapindikira, kapena foloko, kachitsulo kokankha beringi, yauma girizi. Zimenezo n'zazing'ono.

Kenako mulize injini. Wailesi muzimitse, fani muzimitse, galasi mutsitse. Phazi lisakhudze pedulo, mungomvetsera. Mukatero muyambe kuponda pang'onopang'ono, osati kungoti gwa mpaka pansi. Poyambirira pedulo imakhala yolobodoka, kenako imayamba kulimba. Pamene yayamba kulimbapo ndi pamene beringi ija yasenza katundu. Ngati kulirako kukuyambira pamenepo, n'kumakula mukamapitiriza kuponda, n'kutha mukamasula, basi mlandu watha, ndi release bearing. Nthawi zina mumamvanso kunjenjemera pang'ono kuphazi.

Koma zikakhala zotembenuka, kuti phazi lili kunja ikuchita phokoso, mwaponda mpaka pansi yakhala chete, pamenepo ndiye tikamba za giyabokosi. Chifukwa chake n'chakuti mukaponda klatchi, shafiti yolowa m'giyabokosi imasiya kuzungulira, ndiye beringi yake ngati ndi yakutha imasiya kulira. Ngakhale pamenepo sitithamangira kugula ina. Timayamba taona ngati muli oyilo, chifukwa magalimoto ambiri akale akuyenda ndi giyabokosi youma eni ake osadziwa, ndipo beringi ya m'katimo imasinthika payokha. Palinso ina yachitatu, pilot bearing, imalira mukaponda mpaka pansi giya ili m'kati, koma imeneyo imavutitsa kwambiri a ma Hilux ndi ena okankha ndi matayala akumbuyo. Mukamayesa zonsezi foni muiike pansi pafupi ndi pedulo, mujambule, muzinena kuti pano ndaponda, pano ndamasula, munditumizire.

Ndikufotokozereni zomwe zili m'katimo kuti makaniko asamakulankhuleni ngati akulosera. Kumbuyo kwa injini kuli flywheel, chitsulo cholemera chozungulira. Pamenepo pamagona mbale yotchedwa clutch plate, ndipo pamwamba pake pamabwera mbale ina, pressure plate, yomwe imaipanikiza ku flywheel. Pakati pa pressure plate pali tizala tachitsulo tozungulira bwalo lonse, tonse toloza pakati. Inu mukaponda pedulo, mafuta a klatchi amakankha kasilinda kali pambali pa giyabokosi, kasilindako kamakankha foloko, foloko imakankha beringi, beringi imadinikiza tizala tija, clutch plate n'kumasuka. Tsono onani vuto lake. Foloko siyizungulira, koma tizala tikuzungulira limodzi ndi injini, kaya ndi maulendo 800 pa mphindi mutaima, kaya ndi 3000 muli pamsewu. Beringi ndiye ili pakati pa chinthu choima ndi chinthu chothamanga. Girizi wake anamutsekera m'kati kufakitale, pothirira wina palibe. Akauma, timipira ta m'katimo timayamba kudyana ndi njira yake, ndiye kulira mukukumvako.

Corolla yanuyo ya AE100 ndi galimoto ya m'zaka za m'ma 1990, yadutsa m'manja ambiri isanafike kwa inu, ndiye kutha kwa beringi si chodabwitsa. Koma pali zina zoifulumizitsa, ndipo apa alamu musakwiye, achemwali anandiuza kale kuti phazi lamanzere mumalipumitsira pa klatchi ulendo wonse. Inu mumaona ngati mwangoligoneka, koma kulemera kwa phazi kokhako n'kokwanira kuti beringi izigwira ntchito kuchoka ku boma mpaka ku Dwangwa. Chimodzimodzi pa rodibuloko, kapena podikira munthu pagolosale giya ili pa wani phazi lili pansi. Bwezani pa nyutulo, phazi lipume. Ndiye pali aja amagwira galimoto pamtunda ndi hafu klatchi m'malo mokoka handibuleki, amenewo amawotcha zonse pamodzi. China ndi madzi. Nyengo ya dzinja msewu wa M5 mukuudziwa mmene umakhalira, pena mlatho wavuta muyenera kudzera m'mbali. Madzi ndi matope zikalowa m'chikombole cha klatchi, beringi siichedwa kuyamba kuimba.

Mwafunsanso ngati mungayendebe nayo. Maulendo a pafupi, kunyumba, kumsika, kutchalitchi, ikhoza kupirira. Koma tsiku lake siilengeza. Ikagwira n'kusiya kuzungulira, imayamba kupala tizala tija mpaka kutidula, pedulo n'kungogwera pansi, giya osalowanso. Ndiye ulendo mumanena wa ku Kasungu uja muuimike. Msewu umenewo udutsa m'nkhalango ya nyama, muli mitunda ndi makona oti giya mukusintha pafupipafupi, komanso mukumbukire kuti mu 2016 ndi 2017 anabweretsamo njovu pafupifupi 500 zochokera ku Liwonde ndi ku Majete. Si malo oti munthu atsegule boneti n'kumadikira thandizo.

Tsopano nkhani yeniyeni ndi iyi. Beringiyo payokha siyodula kwenikweni. Chodula ndi kuifikira. Palibe kabowo koti munthu alowetse dzanja n'kuisolola, giyabokosi yonse iyenera kutsika. Ndiye wina adzakuuzani kuti bwana tingosintha beringi yokha, mbale zikadali bwino. Ine ndikuti ayi. Gulani zonse zitatu pamodzi, clutch plate, pressure plate ndi beringi, zimabwera m'bokosi limodzi amati clutch kit. Zinthu zimenezi zagwira ntchito limodzi zaka zonsezi, zatopa limodzi, ndipo beringi yakuthayo yadya kale nsonga za tizala. Mukaika yatsopano pa tizala todyeka nayonso siikhalitsa. Kuli ngati kusasula denga lonse kuti musinthe mtanda umodzi, wina wofumbwa mukuuona n'kuusiya, kenako n'kufoleranso. Pakapita miyezi ingapo mudzalipiranso ntchito yomweyo, oyilo winanso, galimoto kugonanso m'galaja. Ngati ndalama sizinakwane, bola muiimike kaye pakhomo mwezi uthe, kusiyana n'kutsitsa giyabokosi kawiri.

Mukafuna kudziwa ngati mbale nazo zatha, muyese chonchi pamalo opanda anthu kutsogolo. Handibuleki mukoke kwambiri, muike giya folo, mupatse moto pang'ono, muzimasula klatchi pang'onopang'ono. Injini iyenera kuzima. Ikapitiriza kulira phazi mutachotsa, ndiye kuti mbale ikuterereka. Muchite kamodzi kokha, osabwerezabwereza. Chizindikiro china ndi pamtunda, injini ikukuwa koma liwiro osawonjezeka, pena n'kumamveka kafungo kakupsa.

Za kogula. Kuno ku Salima pena zimapezeka, koma nthawi zambiri timatumiza ku Lilongwe, ku Malangalanga. Musangonena kuti ndikufuna ya Corolla, ma Corolla ndi ambirimbiri. Mujambule kachitsulo kali m'boneti kolembedwa nambala ya chasisi ndi mtundu wa injini, kaya ndi 5A kaya ndi 4A. Chabwino kwambiri ndi kutsitsa kaye, munthu n'kunyamula zakalezo kupita nazo kushopu. Amasanjikiza mbale yakale ndi yatsopano kuona kukula, n'kuwerenga mano a pakati pomwe imalowa pa shafiti. Mayina odalirika ndi Aisin, amene amapangira Toyota yemweyo, Exedy, Valeo, LuK. Beringi payokha ikakhala NSK, Koyo kapena Nachi ndi yabwino. Kungoti masiku ano bokosi limanama, dzina labwino kunja, m'kati zina. Muziona chidindo pachitsulo penipenipo, ndipo mtengo ukatsika modabwitsa muzikayika. Mtengo sindikuuzani pano, zinthu zikusintha sabata ndi sabata, ndiimba kaye foni ndifunse. Ya pa galimoto yophwasula ayi ndithu, pa beringi sitigula kaunjika.

Ndipo pali kanthu kamasokoneza anthu ambiri. Beringi yatsopano mukaizunguza ndi chala siithamanga, imayenda molemera koma mosalala, mwakachetechete, chifukwa yadzaza girizi. Yakutha ndi imene imathamanga waaa, mukaikankha kamodzi imapitiriza yokha, ndipo mukaidinikiza m'chikhatho uku mukuipotokola mumamva mchenga m'kati, pena kugwiragwira. Munthu wosadziwa amasankha yothamangayo kuti ndiye yabwino.

Kaya mubwera nayo kuno kaya muchitira komweko, izi ndi zoti muzione ndi maso anu. Galimoto ikhale pa masitandi achitsulo, osati pa jeke yekha, osatinso pa njerwa, munthu akhala pansi pake. Batire achotse poyamba. Zotsatira ndi zodziwika, sitata, makebulo a giya, mawaya, kukhetsa oyilo, matayala akutsogolo ndi mashafiti onse awiri poti yanuyo imakoka ndi kutsogolo, injini kuichirikiza, mamawunting'i, kenako mabawuti ozungulira giyabokosi. Kasilinda ka klatchi angokamasula n'kukapachika pambali osatsegula paipi, kuti musalowe mpweya.

Ikatsika musathamangire kubwezera, pamenepo ndiye pofunika kudekha. Fumbi lakuda lili m'chikombolemo asaliuzire ndi kompuresa, mbale zina zakale zinali ndi asbestos, wolowa m'mapapo satulukanso. Apukute ndi nsanza yonyowa. Flywheel muipapase ndi chala. Ikakhala ndi mizere yozama, madontho abuluu akupsa kapena timing'alu, ipite kumakina akaipale, apo ayi klatchi yatsopano izidzagwedeza galimoto ponyamuka. Muonenso ngati kumbuyo kwa flywheel kukunyowa oyilo. Silo yotseka oyilo pamenepo ndi yotchipa, ndipo mpata woisintha ndi womwewu, oyilo akadontha pa mbale yatsopano ndiye yatha ntchito. Silo ya pa shafiti ya giyabokosi chimodzimodzi. Foloko aiyang'ane ngati yasweka kapena yadyeka pomwe imatsamira, ndi kapaipi komwe beringi imatsetserekapo ngati kakumbika. Kawaya kogwirizira beringi ku foloko kasasowe.

Girizi ndi wongopaka pang'ono, pa mano a shafiti, pa kapaipi kaja, ndi pomwe foloko imagunda. Achinyamata ena amachita kumata ndi dzanja lonse poganiza kuti akuchita bwino, injini ikazungulira girizi yense amamwazikira pa mbale. Beringi yatsopano asaitsuke m'petulo kapena m'parafini, amasungunula girizi wa m'kati. Clutch plate ili ndi mbali yake yoyang'ana ku flywheel, zambiri zimachita kulembedwa, akaitembenuza giya silowa. Iyeneranso kukhala pakati penipeni asanamange, pali kachida kake koimikira. Mabawuti a pressure plate amange modumphadumpha, uku kenako kutsidya, pang'onopang'ono mpaka onse akhwime mofanana.

Pokweza giyabokosi ndi pomwe ndimaona anthu akulakwitsa kwambiri. Iyenera kulowa yokha mpaka kukhudzana ndi injini, mukuigwedeza pang'ono uku mukuzunguza shafiti kuti mano akumane. Ikatsala mpata wa chala n'kukana, chilipo chalakwika, aitulutse aonenso. Wina akatenga mabawuti aatali kuti aikoke mokakamiza, mumuletse pomwepo, amapinda mbale kapena kuswa chikombole. Asaisiyenso ikulendewera pa shafiti yokha popanda choichirikiza.

Pomaliza oyilo wa giya watsopano, 75W-90 kapena 80W-90, athire mpaka ayambe kubwerera pabowo lothirira. Wakale uja asabwezeremo. Mafuta a klatchi ndi omwe aja a mabuleki, DOT 3, ngati ada bii asinthiretu. Pedulo ikhale ndi kampata kolobodoka pamwamba, kongoposa sentimita imodzi kapena kucheperapo pang'ono, isakhale yolimba kuyambira pamwamba penipeni. Masabata oyambirira muziinyamutsa mofatsa, matumba a mpunga adikire kaye. Zakale zonse zitatu akupatseni m'manja, muone kuti zatulukadi.

Ngati mwasankha kubwera nayo kuno, msewu wake mitunda ndi yochepa, ifika. Munyamuke m'mamawa, mukafika pa giya faifi muisiye pomwepo, phazi pansi pambali, poima paliponse nyutulo. Loweruka ndili ndi mpata, ntchitoyo ndi ya tsiku limodzi ngati katundu wafika. Mukafika pa Kaphatenga mundiimbire ndikuuzeni pokhotera. Ya ntchito tidzakambirana patokha osati pagulu pano, koma podutsa pa Chia muime mutigulireko nsomba, m'nyumba muno akuti ndikuuzeni.