Za chitsamba cha maluwa a pinki cha ku Vietnam: idyani zipatso, koma njere zisiyeni komweko

Mayi, mwafunsa kuti chitsamba cha maluwa a pinki chimene mwachijambula m'mapiri a ku Vietnam n'chiyani, ngati zipatso zake zimadyedwa, komanso ngati mungatenge njere zake kukadzala kwanu ku Mulanje. Poona masamba ndi maluwa a pa chithunzicho, chitsambachi ndi chimene anthu a kumeneko amachitcha sim, a ku Malaysia amati kemunting, ndipo akatswiri a zomera amati Rhodomyrtus tomentosa. Chili m'banja limodzi ndi gwafa, bulugamu ndi jambula, ndipo chimamera chokha kuyambira ku India mpaka kumwera kwa China, Philippines ndi Indonesia, makamaka m'malo otsetsereka a dothi losauka kumene nkhalango inadulidwa.

Musanadye chipatso chilichonse, yambani mwatsimikiza kuti chitsambacho ndi sim, chifukwa m'mapiri omwewo mumameranso china chofanana nacho chotchedwa mua, chimene chili m'banja lina. Tsamba la sim ndi lochindikala, lalitali masentimita 5 mpaka 7, losalala pamwamba koma la ubweya wofewa wotuwa kunsi, ndipo lili ndi mitsempha itatu yoyambira pafupi ndi phesi. Duwa lake lili ndi timasamba tisanu, ndipo pakati pake pamakhala tinsinga tambirimbiri ta pinki. Tsamba la mua limakala mukaligwira, ndipo tinsinga ta duwa lake n'tochepa komanso topindika.

Zipatso za sim zimadyedwa ndithu. Zimakula ngati nsonga ya chala, zikapsa zimakhala zofiirira moderako, zofewa ndi zotsekemera, ndipo m'kati mwake muli tinjere tambiri tolimba. Zosapsa zimamanga m'kamwa, ndipo anthu a kumeneko amachenjeza kuti kudya zambiri kumaumitsa m'mimba, chimenenso ndi chifukwa chake akhala akuchigwiritsa ntchito pochiza kutsegula m'mimba. Pachilumba cha Phú Quốc, ku Vietnam komweko, amapangira vinyo amene alendo amagula kwambiri.

Pa nkhani ya njere, ndikukupemphani ndi mtima wonse kuti musazitenge. Chitsambachi chinalowa ku Florida, m'dziko la America, m'zaka za m'ma 1920 ngati duwa lokongoletsa pakhomo komanso chifukwa cha zipatso zake, koma mbalame ndi nyama zimene zinkadya zipatsozo zinamwaza njere m'tchire, moti lero chili pa mndandanda wa zomera zowononga m'chigawocho. Chimakula mpaka mamita 4, chimamera mothithikana pansi pa mitengo ya paini, ndipo chimaphimba zomera za m'deralo mpaka kuzilanda malo. Ku Hawaii kunachitikanso zomwezo, makamaka pachilumba cha Kauai. Chimene chimandidetsa nkhawa kwambiri n'chakuti moto suchipha: tchire likapsa, icho chimaphukanso msanga kuchokera pa chitsa, pamene zomera zina zikadali phulusa. Kwathu tchire limatenthedwa chaka ndi chaka, ndipo Mulanje kuli mvula yambiri ndi dothi la asidi limene tiyi amakonda, lomwenso chitsambachi chimakonda. Chikangothawa pakhomo panu, mapwiti ndi anyani ndi amene angachikweze m'phiri, kumene kuli zomera zosapezeka kwina kulikonse padziko lapansi, monga mkungudza wa Mulanje umene watsala pang'ono kutha.

Vuto la mtundu umenewu tikulidziwa kale. Namasupuni anachokera ku South America ndipo anafalitsidwa m'maiko ambiri chifukwa cha maluwa ake okongola, koma lero amadzaza mumtsinje wa Shire ndi kusokoneza makina opangira magetsi ku Nkula.

Dziwaninso kuti kulowetsa njere kapena mbande m'Malawi kumafuna chilolezo cha akuluakulu oona za thanzi la zomera ku unduna wa zaulimi, ndipo ogwira ntchito pabwalo la ndege ali ndi mphamvu yolanda njere zobwera popanda mapepala. Ngati mukufuna kuti abale anu alaweko sim, agulireni jamu kapena madzi a zipatsozi a m'botolo, chifukwa zimenezo zimakhala zophikidwa kale ndipo simukhala njere yoti ingamere.