Mantha a m'mafilimu opanda mawu

Achimwene, mwafunsa kuti mafilimu akale opanda mawu aja ankaimitsa bwanji anthu mitima. Nzeru yagona pa kasinthidwe ka zithunzi. Taonani filimu ya The Lonedale Operator ya D. W. Griffith, wopanga mafilimu wa ku America, ya 1911. Mtsikana wadzitsekera pasiteshoni, akuba akuthyola chitseko. Mwadzidzidzi mukuona sitima ili paliwiro kudzamupulumutsa, kenako chitseko chija, kenako sitima, zithunzi zikufupikirafupikira, inu mtima uli phaphapha. Akubawo atalowa, iye anawaloza ndi sipanala mumdima, iwo n'kumayesa mfuti!

Mu 1913, wopanga mafilimu winanso, Lois Weber, mufilimu ya Suspense anachita kugawa chithunzi patatu: mayi ali pafoni, mwamuna wake kuntchito, chigawenga chikulowa m'nyumba. Kukomoka ndi kutong'ola maso kwa ochita sewero m'mafilimuwa kokha n'kumene ine kumandiseketsa, ankanyanyira.