Funsani Aphunzitsi: Kodi anthufe tinachokera kwa anyani?

FUNSO: Aphunzitsi, ine ndine mlimi kuno ku Mambwe, kufupi ndi Luangwa. Chimanga chikayamba kukhwima timaswera pa nsanja kupirikitsa anyani. Tsono mwana wanga wa ku sekondale wabwera ndi nkhani yoti anthufe tinachokera kwa anyani. Ngati n'zoona, nanga awa akundithera chimangawa anatsalira bwanji? Kodi si chipongwe cha azungu chabe chimenechi? — Bambo a ku Mambwe

YANKHO: Bambo, mwanayo wamva mbali imodzi, ina yamudutsa. Palibe katswiri amene amanena kuti nyani wa m'munda mwanuyo ndi kholo lanu. Taganizani za msuweni wanu. Inu simunabadwe mwa iye, iyenso sanabadwe mwa inu, koma mukatsata mzere wa makolo mukakumana pa agogo amodzi. Agogowo anapita kalekale, inu awiri mulipo, aliyense ndi mbumba yake. N'chifukwa chake anyani akadalipo. Mzere wawo ndi wathu unasiyana zaka 25 mpaka 30 miliyoni zapitazo, ndipo kuyambira pamenepo iwo akhala akusintha mwa njira yawo, ife mwa njira yathu.

Amene tili nawo pafupi kwambiri si anyani a mchirawa, koma achimpanzi, omwe alibe mchira. Mzere wathu unasiyana ndi wawo zaka 6 mpaka 7 miliyoni zapitazo, ndipo DNA (malangizo a chibadwa a m'thupi amene timatengera kwa makolo) yathu ndi yawo imafanana kupitirira 98 peresenti. M'nkhalango za kuno mulibe achimpanzi, koma ku Chimfunshi, kufupi ndi Chingola, kuli malo osungirako opulumutsidwa kwa ozembetsa, omwe David ndi Sheila Siddle anayambitsa mu 1983. Kumeneko mu 2010 ofufuza anaona chimpanzi wamkazi, Julie, akutenga kaudzu kouma n'kukalowetsa m'khutu, n'kumayenda nako kakulendewera. Kaudzuko sikanali kodya kapena kokandira. Posakhalitsa mwana wake anatengera, kenako anzake, mpaka 8 mwa achimpanzi 12 a m'gululo anayamba kutero, ndipo Julie atafa ena anapitiriza. Ine ndimaiona yaikulu nkhani imeneyi, chifukwa ikusonyeza kuti kutengerana khalidwe poonera ena sikuli mwa anthu okha.

Za chipongwezo ndakumvani, ndipo simunalakwe kukayika. Alipo anthu amene anapotoza maphunzirowa kuti anyoze munthu wakuda, ndipo mpaka lero timamva osewera mpira athu akukuwiziridwa ngati anyani m'mabwalo a ku Ulaya. Zimenezo zimandipweteka. Koma umboni weniweniwo umawatsutsa onyozawo. Munthu aliyense wamoyo lero, mzungu, Mmwenye, Mtchaina, ndi wa mtundu umodzi wotchedwa Homo sapiens, umene unayambira muno mu Africa zaka pafupifupi 300,000 zapitazo. Makolo a anthu a kunja kwa Africa anatuluka muno mochedwa, zaka ngati 60,000 zapitazo. Palibe khungu limene lili pafupi ndi nyani kuposa linzake.

Ndipo umboni wina waukulu unatuluka m'nthaka yathu ino. Pa 17 June 1921, mu mgodi wa mtovu ndi zinki ku Broken Hill, komwe lero ndi Kabwe, Tom Zwigelaar wa ku Switzerland ndi mnzake wachikuda anafukula chibade cha munthu. Dzina la mnzakeyo silinalembedwe. Chibadecho n'chachilendo: fupa la pamwamba pa maso ndi lochindikala ndi lotukuka, chipumi n'chothawira kumbuyo, koma malo a ubongo ndi aakulu, otsala pang'ono kufanana ndi athu. Mano ake ambiri ndi obooka, ndiye munthuyo ankadziwa bwino ululu wa dzino. Katswiri wa mafupa akale Arthur Smith Woodward anamutcha Homo rhodesiensis. Mu 2020 Rainer Grün ndi anzake anayezanso msinkhu wa chibadecho n'kupeza zaka pafupifupi 299,000. Ndiye kuti munthu wa ku Kabweyu ankakhala nthawi imodzi ndi anthu oyambirira a mtundu wathu, choncho n'kutheka kuti sanali kholo lathu lenileni koma m'bale wa nthambi ina imene inatha. Chibadecho chili ku Natural History Museum ku London, kuno tili ndi zofanizira chabe. Dziko lathu lakhala likupempha kuti chibwerere kuyambira m'ma 1970, ndipo ine ndikuti chibwere, ana athu achione ndi maso awo.

Chinanso chili ku mathithi a Kalambo, ku Mbala. Mu 2019 gulu la Larry Barham wa ku yunivesite ya Liverpool, mmene munalinso Perrice Nkombwe wa ku Moto Moto Museum, linafukula mitengo iwiri yopingasana m'mbali mwa mtsinje. Wapamwambawo unagobedwa dala kuti ukhazikike pa unzake, ndipo zipsera za miyala yosemera zikuonekabe. Sinaole chifukwa inakwiririka mu mchenga wonyowa wopanda mpweya. Poyeza nthawi imene mchengawo unaombedwa ndi dzuwa komaliza anapeza zaka 476,000. Palibe kwina kulikonse padziko kumene kunapezeka chomangidwa cha mitengo chakale chotere, ndipo amene anachisemawo anakhalako mtundu wathu usanayambe.

Za Chauta ndi mapazi a pa Kaphirintiwa, kapena zimene mumamva ku tchalitchi, mafupa ndi miyala sizingaweruze. Zimangotiuza za nthawi ndi mmene matupi anasinthira. Mwanayo musamukalipire. Mufunseni akuuzeni zonse zimene anaphunzira, inunso mumuuze zimene mumaona pa nsanja paja, chifukwa ofufuza a ku Kasanka amene amatsata anyani aang'ono a mtundu wa Kinda amayambira pomwepo: kukhala chete, kuzindikira nyani aliyense payekha, ndi kulemba zimene wachita.

FUNSO: Agogo ankatisimbira za Akafula, anthu aafupi amene ankakhala m'mapanga. Kodi analikodi kapena ndi nthano chabe? Kwathu kuno kuli phanga lokhala ndi zojambula zofiira. — Mayi a ku Chadiza

YANKHO: Mayi, analiko. Agogo anu ayenera kuti anakuuzaninso dzina lina lija, Amwandionerapati: ukakumana naye n'kukufunsa kuti wamuonera pati, umayenera kuyankha kuti patali, kuti asaone ngati ukumunyoza msinkhu. Za kufupikako mwina nthano inakometsera, koma kuti makolo athu olima ndi kusula zitsulo anapeza kuno anthu osaka nyama ndi kutola zipatso, umboni ulipo wochuluka, ndipo wina uli m'boma lanu lomwelo.

Mu 1971 katswiri wofukula zakale David Phillipson anakumba phanga la Kalemba ku Chadiza, ndipo anagwiranso ntchito ku Thandwe kufupi ndi Chipata ndi ku Makwe ku Katete. Ku Kalemba anapeza zida za miyala zosanjikana m'nthaka, zapansi kwambiri zopitirira zaka 35,000, pamodzi ndi mafupa a anthu. Mu 2022 akatswiri anafalitsa zimene anapeza mu DNA ya mmodzi wa anthu a ku Kalembawo, amene anakhalako zaka ngati 5,000 zapitazo, poiyerekeza ndi ya ena a ku Hora ndi Fingira ku Malawi ndiponso a ku Tanzania. Anapeza kuti mwa iwo munasakanikirana mizere itatu: wa osaka a kum'mawa kwa Africa, wa a kumwera onga Asan, ndi wa a m'nkhalango za ku Congo onga Ambuti. Ndiye kuti makolo awo ankayenda mitunda italiitali n'kumakwatirana. Zojambula zofiira za mizeremizere ndi zozungulira akatswiri amati n'za anthu amenewa, pomwe zojambula zoyera, zaposachedwapa, zambiri n'za Achewa, zokhudza nyau ndi chinamwali.

Pempho langa ndi ili: musalole ana kulemba mayina ndi makala pa zojambulazo kapena kusonkha moto pansi pake, pakuti utsi umazifafaniza. Wina akafuna kukumba m'phangamo pofuna chuma kapena manyowa a mileme, mukanizeni. Fupa likachotsedwa pamalo pake, dothi limene likanatiuza msinkhu wake limasokonekera, ndipo kuligwiragwira ndi manja kumaipitsa DNA yake. Dziwitsani amfumu, kenako a National Heritage Conservation Commission, omwe lamulo linawapatsa udindo wosamala malo oterewa. Mukatha kujambula ndi foni osakhudza mwalawo, jambulani mukawaonetse.